Mfuti Zopindika ndi Khomo Lopapatiza la Ndege

(Nyimbo yotsegulira, kenako itsike pang'onopang'ono)

WOULUTSA: Takulandirani ku pulogalamu yathu ya mbiri ya zipangizo, momwe timatenga chinthu chimodzi chopangidwa ndi manja a munthu n'kufunsa kuti anachipangiranji chonchi.

Lero tikamba za mfuti. Ndineneretu kuti pano sitiphunzitsa munthu kuwombera kapena kusula chida. Tikuyang'ana kachigawo kamodzi kokha, kaja kakumbuyo kamene msilikali amatsamiritsa paphewa, kamene ambiri timangoti thako la mfuti. Mwina munaonapo pazithunzi za nkhondo, kapena m'manja mwa achitetezo, mfuti imene kumbuyo kwake kulibe thabwa, m'malo mwake kuli tizitsulo tiwiri topinda ngati miyendo ya mpando wonyamula. Tizitsulo timeneto tili ndi mbiri yaitali, ndipo mbiriyo inafika mpaka kumalire athu.

Tiyambe ndi funso loti thakolo ntchito yake n'chiyani. Ganizirani khasu lopanda mpini. Chitsulo chili chakuthwa ndithu, koma simungalimire nacho munda. Thako la mfuti ndiwo mpini wake. Msilikali akafuna kulunjika, mfuti imamukhudza malo angapo nthawi imodzi: manja onse awiri agwira, phewa lalandira kumbuyo, tsaya lagona pamwamba pa thabwa kuti diso likhale pamzere umodzi ndi poonera. Wonga ukaphulika, chipolopolo chimapita kutsogolo ndipo mfuti imakankha m'mbuyo. Thako ndi limene limapereka mphamvu imeneyo kuthupi lonse. Mukalichotsa, mfuti imavina m'manja, ndipo chimene mumafuna kulasa mumachiphonya.

N'chifukwa chake kwa zaka mazana angapo palibe amene ankaona vuto ndi mfuti yaitali yathabwa. Gogodela wa makolo athu anali wamtali. Lee-Enfield imene askari a King's African Rifles ochokera kuno ankanyamula inali yopitirira mita imodzi, masentimita pafupifupi 113. Munthu woyenda pansi, m'tchire kapena m'chigwa, utali woterewu sumusowetsa mtendere. Amangokoleka paphewa n'kumapita.

Zinthu zinasintha pamene msilikali anasiya kufika kunkhondo ndi mapazi okha. M'zaka za m'ma 1930 maiko akuluakulu anayamba kumulowetsa m'kasinja, m'galimoto zachitsulo ndi m'ndege. Aliyense amene anakwerapo minibasi atanyamula mpini wautali akudziwa zimene ndikunena: umakola pakhomo, umagunda mnzako, umasowa pouika. Tsono pakamwa pa kasinja m'popapatiza kuposa khomo la minibasi, ndipo munthu amafunika kutulukapo msangamsanga moto ukabuka.

Ajeremani ndiwo anayamba kupanga zida zopindika zambirimbiri. Mu 1938 kampani ya Erma ya mumzinda wa Erfurt inatulutsa MP 38, ndipo mu 1940 panabwera mng'ono wake, MP 40, wosavuta kupanga chifukwa zitsulo zake zambiri ankangozidinda pamakina. Iyi inali mfuti yaing'ono yowombera zipolopolo za pisitolo motsatizana. Kumbuyo kwake kunali tizitsulo tiwiri ndi kachitsulo kotsamira paphewa, ndipo zonsezi zinkapindikira kunsi kwa mfutiyo. Itatambasulidwa inali masentimita 83, itapindidwa 63. Masentimita 20 okha basi, utali wa chikhatho chotambasula, koma kwa munthu wa m'kasinja kusiyana kwake kunali kwakukulu. Anapanga zoposa miliyoni imodzi. Asilikali a Britain ndi America ankaitchula kuti Schmeisser, ngakhale kuti Hugo Schmeisser si amene anaipanga.

(Nyimbo pang'ono)

Tsopano ndikupititseni kuchilumba cha Crete, m'nyanja ya Mediterranean, m'mawa wa pa 20 Meyi 1941. Pamenepa ndipo ndikufuna tikhalitsepo, chifukwa zimene zinachitika tsikuli zimafotokoza nkhani yonse.

Ajeremani anaganiza zolanda chilumbachi pogwetsa asilikali kuchokera m'ndege ndi maparachuti. Parachuti imene ankagwiritsa ntchito inkamangidwa pamsana pokha, moti munthu ankatsika atawerama, n'kufikira pansi ndi manja ndi mawondo. Kutera koteroko uli ndi mfuti yaitali pathupi n'kudzithyola dala. Choncho ambiri a iwo anadumpha ali ndi pisitolo, mpeni ndi mabomba a m'manja. Mfuti zenizeni zinaikidwa m'mabokosi aatali amene ankaponyedwa paokha ndi parachuti yawoyawo. Maganizo anali akuti msilikali akafika pansi, athamangire bokosi, atsegule, atenge chida chake.

Koma pansipo panali asilikali a New Zealand, Australia, Britain ndi Greece atakonzeka, pamodzi ndi eni chilumba. Mabokosi ena anagwera kutali, ena anagwera m'manja mwa adani. Anyamata ambiri anaphedwa ali m'mwamba, ena akuthamangira mabokosi m'minda ya maolivi. Chilumbacho Ajeremani anachilanda ndithu, koma anataya anthu zikwi zingapo, ndipo kuchokera pamenepo Hitler sanalolenso kugwetsa asilikali ochuluka chotero nthawi imodzi.

Ajapani anakumana ndi zofanana mu Febuluwale 1942 ku Palembang, pachilumba cha Sumatra, kumene anadumphira kukalanda malo oyengera mafuta: katundu woponyedwa payekha anasokonekera, ndipo ena anamenya nkhondo ndi tizida ta m'manja. Yankho lawo linali mfuti yotchedwa Type 2, imene inkagawika pakati kukhala zidutswa ziwiri, munthu n'kuzilumikiza atafika pansi. Njira imeneyi sinapite patali. Kulumikiza zidutswa zipolopolo zikukulirira m'makutu kumafuna nthawi imene munthu alibe.

Amereka anasankha mahinjesi. Anali kale ndi kamfuti kopepuka, M1 carbine, kamene anapanga zoposa mamiliyoni 6 pankhondo yachiwiri ya padziko lonse. Mu 1942 anakapatsa thako lawaya wachitsulo lopindikira kumanzere, n'kuikapo kachikopa pogoneka tsaya, ndipo anakatcha M1A1. Anazipanga a Inland, nthambi ya kampani ya magalimoto ya General Motors ku Dayton, m'chigawo cha Ohio, zokwana pafupifupi 140,000. Itapindidwa inkalowa m'kathumba kansalu kokoleka m'chiuno. Asilikali a magulu a 82nd ndi 101st Airborne anadumpha nazo ku Normandy usiku wolowera pa 6 Juni 1944. Munthu ankafika pansi chida chili pathupi pake, osati m'bokosi kuseri kwa munda. Kachikopa kaja ndimakakonda kukatchula, chifukwa kakuonetsa kuti opangawo anazindikira msanga kuti waya wachitsulo si malo abwino ogonekapo tsaya.

Ku Leningrad, mzinda uli wozingidwa ndipo anthu akufa ndi njala, Aleksei Sudayev anapanga PPS, imene thako lake linkapindikira pamwamba. Kumeneko chachikulu chinali kusunga chitsulo ndi nthawi ya makina, ndipo mtundu wake wa 1943 unakhala umodzi mwa mfuti zotsika mtengo kwambiri za nkhondoyo.

(Nyimbo pang'ono)

Ngati mwangotsegula kumene wailesi yanu, tikukamba za mbiri ya mfuti zopinda thako. Tafika pa dzina limene aliyense kuno analimvapo: AK-47.

Mikhail Kalashnikov, mwini kuipanga, anali mkulu wa kasinja amene anavulala pankhondo mu 1941, choncho kupanikizika kwa m'kati mwa kasinja ankakudziwa ndi thupi lake. Mfuti yake italandiridwa ndi asilikali a Soviet Union mu 1949, inabwera m'mitundu iwiri: yathabwa ya asilikali oyenda pansi, ndi yopindika, AKS, ya odumpha m'ndege ndi a m'magalimoto. Mapindidwe ake anatengera MP 40 ija, tizitsulo tiwiri tolowa kunsi. Inkatsika kuchoka pa masentimita pafupifupi 87 kufika pa 65. Mu 1959 panabwera AKM yopepukirapo, nayonso ndi mbale wake wopindika, AKMS. Maiko ena monga China, Poland ndi East Germany anapanga zawo zofanana, ndipo umo ndi momwe zinadzazira dziko lapansi.

Koma ndinene chilungamo cha thako lopindikira kunsili. Si labwino kuwomberera. Tsaya limasowa pogona, limangokhudza kachitsulo kowonda. Kukazizira chitsulocho chimaluma nkhope, dzuwa likaswa mtengo chimatentha. Mahinjesi akakalamba amayamba kugwedera, ndipo mfuti yogwedera kumbuyo ili ngati khasu logwedera pampini: mphamvu zimatayika, dzanja silikhulupiriranso chida. Ikapindidwa, kachitsulo kena kamagona pafupi ndi kotsekera mfuti, n'kumasokoneza chala. Asilikali ambiri ankakulunga nsalu kapena chingwe pa tizitsuloto kuti tsaya lipezeko mpumulo. Wopanga aliyense wa zida zoterezi amakhala pakati pa zofuna ziwiri zotsutsana: ifupike ponyamula, ilimbe powombera. Chimene wapindula kuno amachilipira uko.

Arasha anakonzako zina mu 1974 potulutsa AK-74, ya zipolopolo zazing'ono za mamilimita 5.45. Mtundu wake wopindika, AKS-74, unali ndi thako lachitsulo la ngodya zitatu lopindikira kumanzere. Linali lolimba kuposa lakale, ndipo mzere wake wapamwamba unkalola tsaya kugona bwinoko. Pankhondo ya ku Afghanistan, kuyambira 1979 mpaka 1989, asilikali ankalowetsa bandeji pampata wapakati pa ngodya zitatuzo n'kukulungapo lamba wamphira woletsa magazi, kuti munthu akavulala thandizo likhale pomwepo pachida chake.

Mu 1979 anapitirira pamenepo ndi AKS-74U, yopangidwa ku Tula. Apa sanangopinda thako, anadulanso mpope: kuchoka pa masentimita 41 ndi theka kufika pa 20 ndi theka. Itapindidwa, mfuti yonse inali masentimita 49, yosafika ngakhale theka la mita. Inali ya oyendetsa akasinja, a m'mahelikoputala ndi a mizinga, anthu amene ntchito yawo yaikulu si kuwombera ndi mfuti koma amafunika chodzitetezera. Mtengo wake unaoneka msanga. Mumpope wamfupi wonga sumaliza kupsa chipolopolo chisanatuluke, motero liwiro linatsika kuchoka pa mamita 900 pasekondi kufika pa 735. Moto wapakamwa pake unali waukulu, phokoso logonthetsa, ndipo inkatentha msanga. Pafupi inali yoopsa, patali yosadalirika.

Pali funso limene munthu watcheru angafunse: nanga bwanji mfuti za Amereka, M16 ndi M4, sizipindika? Yankho lake ndi losangalatsa, chifukwa likutilowetsa m'mimba mwa makinawo. Mfuti yodzidzaza yokha ili ndi chitsulo chimene chimabwerera m'mbuyo ikawombera, kenako sipuling'i imachikankhiranso kutsogolo kuti chilowetse chipolopolo china. Funso ndi loti sipuling'iyo mwaiika pati. Kalashnikov anaiika m'kati mwa thupi la mfuti, pansi pa chivundikiro, choncho thako linali lomasuka: lipindeni, mfuti igwirabe ntchito. Eugene Stoner, amene anapanga kholo la M16, anaiika m'chubu cholowa m'thako lenilenilo, kuti kukankha konse kuyende pamzere wowongoka mpaka paphewa. Zimenezi zinachititsa kuti mfutiyo isamadumphe kwambiri, koma zinatanthauzanso kuti thako silingapindike popanda kudula njira ya makina. Choncho pankhondo ya ku Vietnam, cha m'ma 1966 ndi 1967, a kampani ya Colt anapanga thako losereredwa pachubupo, lolowa ndi kutuluka ngati mlongoti wa wailesi yakale. Silifupikitsa kwambiri, koma linabweretsa phindu limene poyamba sanaliganizire: munthu wamfupi ndi wamtali, wovala malaya okha ndi wovala chotchinga zipolopolo pachifuwa, aliyense amalisuntha kuti limukwane. M4 ya 1994 inatengera pomwepo.

A ku Belgium anakumana ndi vuto lomweli ndi FAL, mfuti ya Dieudonné Saive yopangidwa ku Herstal. Sipuling'i yake inali m'thako. Pofuna mtundu wa odumpha m'ndege, wotchedwa Para, anachita kusamutsa sipuling'iyo kupita nayo pansi pa chivundikiro chapamwamba ndi kusintha zitsulo zina za m'kati. Mukuona kuti hinjesi imodzi inakakamiza akatswiri kukonzanso mimba yonse ya mfuti. Thako la FAL Para linakhala lolimba kwambiri moti a ku Israel analitengera pa Galil yawo kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970, ndipo kuchokera ku Galil kunabadwa R4 ya ku South Africa mu 1980, pamodzi ndi mng'ono wake wamfupi, R5. Amene mukutimvera muli ku Joni mwina munaiona R5 m'manja mwa apolisi a kumeneko. Hinjesi yakeyo kwawo ndi ku Herstal.

Ena anakana mahinjesi onse. Austria ndi Steyr AUG, France ndi FAMAS, Britain ndi SA80 anasunthira makina ndi kabokosi ka zipolopolo kumbuyo, m'thako momwemo, kuti mfuti ikhale yaifupi nthawi zonse mpope uli wautali. Imeneyo ndi nkhani ya tsiku lina.

(Nyimbo pang'ono)

Tsopano tibwere kwathu kuno, pakuti zida zimenezi sizinathere ku Ulaya.

Nkhondo ya ufulu wa Mozambique inayamba mu 1964, ndipo patapita zaka zingapo inafika m'chigawo cha Tete, chimene tagawana nacho malire, chilankhulo ndi maukwati. Asilikali a Portugal ankanyamula G3, mfuti ya Chijeremani imene ankaipanga okha kwawo. Omenyera ufulu a Frelimo ankalandira ma AK kuchokera kumaiko a kum'mawa. Ufulu utabwera mu 1975, posakhalitsa panabuka nkhondo yapachiweniweni imene inatha ndi pangano losainidwa ku Rome pa 4 Okutobala 1992. Anthu pafupifupi miliyoni imodzi anathawira kuno ku Malawi. Akuluakulu a ku Nsanje, Mwanza, Dedza ndi Ntcheu akukumbuka bwino misasa ija. Pa mbendera ya Mozambique mpaka lero pali AK yopingasana ndi khasu, pamwamba pa buku.

Nkhondo itatha, mfuti sizinabwerere kumene zinachokera. Zambiri zinakwiriridwa m'tchire, zina zinagulitsidwa motchipa n'kudutsa malire. Ndipo apa ndi pamene masentimita aja amayamba kundiopsa. Chida chimene anachifupikitsa kuti chidutse pakhomo la ndege chimalowanso m'thumba la chimanga, pansi pa mpando wa galimoto, m'kati mwa jekete lalikulu. Wopanga ankaganizira msilikali wotsika m'kasinja. Wamalonda amene anaimitsidwa usiku panjira ndi achifwamba anakumana ndi kufupika komweko. Amene munalipo m'zaka za m'ma 1990 mukukumbuka momwe umbanda wa mfuti unakulira m'chigawo chino cha Africa, ndi momwe mawu akuti AK-47 analowera m'nkhani za pawailesi.

N'chifukwa chake malamulo a maiko amayang'anitsitsa utali wa mfuti. Ku America lamulo la 1934 linaika zoletsa zapadera pa mfuti zofupikitsidwa, ndipo lamulo la 1994, limene linatha mphamvu mu 2004, linatchula thako lopinda kapena losereredwa pakati pa zizindikiro za zida zoletsedwa. Kuno kwathu, mu Ogasiti 2001, atsogoleri a maiko a SADC anasainirana mumzinda wa Blantyre pangano lothana ndi kufalikira kwa mfuti ndi zipolopolo. Kuyambira 1995 apolisi a South Africa ndi Mozambique ankagwirira limodzi ntchito yotchedwa Operation Rachel, yofukula ndi kuphwanya zida zobisidwa m'tchire. Ndikumbutsenso kuti m'dziko muno kusunga mfuti popanda chilolezo ndi mlandu, ndipo mukapeza chida polima kapena pokumba, musachikhudze, musalole ana kuyandikira, dziwitsani amfumu ndi apolisi.

M'chaka chomwecho cha 1995, Bishopu Dinis Sengulane wa mpingo wa Anglican, pamodzi ndi bungwe la mipingo yachikhristu ku Mozambique, anayambitsa ntchito yosinthanitsa zida ndi makasu. Munthu ankabweretsa mfuti imene anabisa, osafunsidwa mafunso ambiri, n'kulandira khasu, njinga, makina osokera kapena malata. Zidazo ankazidula kuti zisadzagwirenso ntchito, ndipo zidutswa zina anazipereka kwa amisiri a zosemasema a ku Maputo. Mmodzi wa iwo, Cristóvão Canhavato, wodziwika ndi dzina loti Kester, anawotcherera zidutswazo n'kupanga mpando mu 2001. Mpandowo uli ku British Museum mumzinda wa London. Mukauyang'anitsitsa mumazindikira G3 ya Apwitikizi ndi zigawo za ma AK, zida zimene zinkalozana m'nkhalango, zitawotchereredwa pamodzi kukhala potsamira msana, poika manja ndi miyendo.

Nthawi yathu yathera pamenepa, omvera. Tikumanenso sabata yamawa nthawi ngati yomwe ino. Tsalani bwino.

(Nyimbo yotsekera)